Za Jacques Tati, Mlembi wa Mawu Ochepa

M'chaka cha 1956 akuluakulu a kanema a ku America adasankha nkhani zisanu zimene adaziyesa zolembedwa bwino kopambana, kuti imodzi mwa izo ilandire mphotho ya Oscar. Pakati pa nkhani zisanuzo padali ya ku France yotchedwa Les Vacances de Monsieur Hulot, ndiko kunena kuti tchuthi cha Bambo Hulot, imene adailemba Jacques Tati pamodzi ndi mnzake Henri Marquet. Mphothoyo idapita kwa ena, koma kusankhidwa kokhako kuyenera kutidabwitsa ife amene ntchito yathu ndi ya chinenero, pakuti m'kanema ameneyo mwini nkhani alankhula mawu owerengeka chabe, ndipo zonena za anthu ena zimveka ngati phokoso la pamsika limene munthu alimva ali patali. Ndiponso mu 1949 Tati yemweyo adali atalandira kale ku Venice mphotho ya nkhani yolembedwa bwino, chifukwa cha kanema wina amene nzeru yake siili m'zolankhula.

Nanga munthu atchedwa bwanji mlembi pamene anthu a m'nkhani yake salankhula? Adalemba chiyani? Funso limeneli ndilo tifuna kulisanthula pano, poyang'ana ntchito ya Tati kuyambira kutha kwa nkhondo yachiwiri ya dziko lonse kufikira imfa yake. Likhudza anthu a kanema, inde, koma likhudzanso inu amene posachedwa mudzaima patsogolo pa ana ndi kuwauza kuti atulutse makope alembe chimangirizo.

Chiyambi chake

Dzina lake lenileni lidali Jacques Tatischeff. Adabadwa pa 9 Okutobala 1907 ku Le Pecq, pafupi ndi Paris. Agogo ake a kuchimuna adali ochokera ku Russia, ndipo atate ake adali ndi ntchito yopanga mafelemu a zithunzi. Maphunziro sadamuyendere bwino, kotero kuti adasiya sukulu ali ndi zaka 16 nayamba kuphunzira ntchito ya atate ake. Chimene chidatembenuza moyo wake ndi mpira wa rugby, umene adasewera m'timu ya Racing Club de France. Masewera atatha, anyamata ali kudya ndi kucheza, iye ankaimirira nayamba kutsanzira m'mene anzake adachitira pabwalo, osanena kanthu, onse nagwa ndi phwete. M'zaka za m'ma 1930 adasiya mafelemu nalowa ntchito yosangalatsa anthu m'nyumba za zisudzo, kumene ankatsanzira wankhonya, wogwira pagolo, woweza nsomba, wosewera tenisi ndi wokwera pakavalo, ali yekhayekha, wopanda mpira, mbedza kapena kavalo.

Tiyenera kuikumbukira sukulu imeneyi, pakuti ndiyo itimasulira zonse zotsatira. Munthu wotsanzira mopanda mawu alibe pobisala. Akapanda kuonetsetsa m'mene msodzi agwirira ndodo nsomba ikayamba kudya nyambo, oonerera sazindikira chimene ali kuchita, ndipo saseka. Akulu adati kuona maso a nkhono n'kudekha. Tati adadekha zaka zoposa 10, kupenya mayendedwe, makhalidwe ndi timanyazi ta anthu, asanapange kanema wake woyamba wamtali. Nkhondo itatha adasewera mbali zazing'ono m'makanema awiri a Claude Autant-Lara, ndipo m'modzi mwa awiriwo, Sylvie et le fantôme wa 1946, adasewera ngati mzukwa.

Wamtokoma wa ku Sainte-Sévère

Kuti timvetse kanema wake woyamba, tiyambe taona m'mene zinthu zidaliri ku France nkhondo itangotha. Dziko lidali litasauka, milatho ndi njanji zitaphwasuka, chakudya chili chopimira. Thandizo lidachokera ku America, ndipo pamodzi ndi thandizolo padafika makanema ochuluka a ku Hollywood, amene pangano la maboma awiriwo la mu 1946 lidawatsegulira khomo. Anthu ambiri adayamba kuyesa kuti chilichonse cha ku America n'chachangu ndi chopambana chawo.

Jour de fête, ndiko kuti tsiku la chikondwerero, adajambulidwa mu 1947 m'mudzi wa Sainte-Sévère-sur-Indre, eni mudzi nasewera nawo, ndipo adaonetsedwa mu 1949. Tati adalemba nkhaniyo pamodzi ndi Henri Marquet ndi René Wheeler, nasewera iye mwini ngati François, wamtokoma wa pamudzipo, munthu wamtali woyenda panjinga, amene popereka makalata sadutsa mnzake osaima kuti acheze naye kapena kumthandiza. Tsiku la chikondwerero François aona m'hema kanema wosonyeza amtokoma a ku America ali kupereka makalata ndi ndege, ndipo anthu ayamba kumseka kuti iye watsalira. M'mawa mwake atsimikiza mtima kuti awaonetse kuti nayenso angathe. Akoloweka njinga yake kumbuyo kwa lole nasandutsa chitseko cha loleyo tebulo lodindirapo makalata; apitirira anyamata a mpikisano wa njinga; asiya makalata paliponse pamene dzanja lafika; potsiriza agwera mumtsinje ndi njinga yomwe.

Pali malo amodzi m'kanemayu amene aonetsa bwino kalembedwe ka Tati. François ali kupalasa njinga m'njira ya kuminda, ndipo ife timva kulira kwa kachilombo kouluka, koma sitikaona. Iye ayamba kukupiza manja, njinga nipita uku ndi uku. Mlimi wina amene ali pamtunda amuona ali patali, nadabwa kuti wamtokoma watani lero. Kenaka kulira kuja kuchoka kwa François kufika kwa mlimi, ndipo nayenso ayamba kukupiza manja chimodzimodzi. Taonani, apa palibe liwu lolankhulidwa, komabe zonse zidaganiziridwa ndi kuikidwa m'malo mwake: ayambe ndani, woonerera aime pati, phokoso lisamuke nthawi yanji, ndipo ife tidziwe chiyani chimene mlimi sanachidziwe. Kulinganiza zinthu kotereku ndiko kulemba, ngakhale inki ikhale yochepa.

Bambo Hulot alowa

Anthu adamkonda François, ndipo a malonda a kanema adafuna kuti Tati apitirize naye. Iye adakana. Wamtokomayo adali wa mudzi umodzi ndi ntchito imodzi. Tati adafuna munthu amene angalowe paliponse. Munthuyo ndiye Hulot, amene adaonekera koyamba mu 1953: wamtali, woweramira kutsogolo ngati ali kufunsa njira, woyenda monyang'ama, kaliwo ali kukamwa, buluku lili lolekeza pamwamba pa akakolo. Ndi waulemu kopambana, ndipo mavuto onse amene awautsa achokera m'kufuna kwake kuthandiza.

Nkhani ya Les Vacances de Monsieur Hulot ingathe kunenedwa ndi mpweya umodzi: anthu a m'tauni apita kukapumula kugombe la nyanja, akhala m'hotela masiku angapo, nabwerera kwawo. Kanemayo adajambulidwa ku Saint-Marc-sur-Mer, ndipo adalandira mphotho ya Louis Delluc chaka chomwecho cha 1953. Ayamba pa siteshoni ya sitima, pamene chimkuzamawu chili kulengeza zinthu zosamveka, anthu nathamanga ndi akatundu awo kuchoka mbali iyi kupita mbali inayo, sitima nitulukira kumene angochokako. Kuyambira pamenepo tiphunzira kuti m'kanemayu mawu a pakamwa si okhulupirika. Wamalonda aitanidwa kulamya kosalekeza, msilikali wopuma ntchito asimba za nkhondo zake, mnyamata wophunzira alalikira za ndale, wailesi ilankhula yokha. Onse ali kunena, palibe amene ali kumva mnzake. Hulot mwini pofika pahotela atchula dzina lake kaliwo ali kukamwa, kufikira mwini hotela amchotsa kaliwoyo kuti amve.

Chimene chilankhula momveka ndi zinthu. Galimoto yaing'ono ya Hulot imveka kuphulika isanaoneke. Chitseko cha chipinda chodyera chili ndi kaliwu kake kamene kamveka nthawi iliyonse munthu akadutsa, ndipo kaliwu kameneko katiuza zonse za kusungulumwa kwa anthu odya mwakachetechete. Mapokoso otere Tati sankawatola pamalo ojambulira ayi. Ankawapanga pambuyo pake, limodzilimodzi, kuwasankha monga mlembi asankha mawu. Ife eni Chichewa tiyenera kuzindikira msanga chimene adali kuchita, pakuti chinenero chathu chili ndi mvekero. Tikati mwana adagwera m'madzi, tangopereka uthenga. Koma tikati m'madzi chubwi, womvera waona ndi kumva. Tikati nsapato zili go go go, kapena kuti mlendo adangoti balamanthu, kapena kuti m'nyumba mudali zii, tachita ndi lilime chimene Tati adachita ndi makina. Iye adachita kuvutikira chuma chimene agogo athu osimba nthano adali nacho pakamwa.

Tionenso za kumanda. Galimoto ya Hulot iwonongekera pamanda pamene pali maliro. Chubu chake chigwera pansi, masamba namatirira ponseponse, ndipo wothandiza pamaliro achiyesa nkhata ya maluwa nachitenga kukachipachika pamanda, kumene chiyamba kuphwa pang'onopang'ono. Tati mwini ankatchula malo amenewa pofuna kudzisiyanitsa ndi Charlie Chaplin: munthu wa Chaplin akadamata masambawo dala kuti adzipulumutse, ife ndi kuyamikira kuchenjera kwake, pamene Hulot sadziwa n'komwe kuti wachita choseketsa. Ambiri a inu mudamuona Mr Bean, amene adayamba kuonekera mu 1990, ndipo Rowan Atkinson womsewera adavomera kuti adaphunzira kwa Hulot. Koma kusiyana kulipo. Bean ndi wodzikonda monga mwana, ndipo kamera ikhala pankhope pake. Kwa Tati kamera iima patali kuti tione anthu onse pamodzi, ndipo kawirikawiri woseketsa weniweni ndi uja adziyesa wolongosoka.

Atsibweni opanda mphamvu

Mu 1958 Tati adatulutsa Mon Oncle, amene adamlemba ndi Jacques Lagrange ndi Jean L'Hôte. Liwu la Chifalansa lakuti oncle liphatikiza mbale wa atate ndi mlongo wa amayi, anthu amene ife tiwasiyanitsa. Koma m'kanemayu Hulot ndi mlongo wa mayi wa mwana, kotero m'chinenero chathu dzina la kanemayo likadakhala lakuti atsibweni anga. Woonerera wa kwathu angayembekezere kuona mwini mbumba, munthu amene mawu ake alemera pa za ana a mlongo wake. Adzapeza munthu wopanda ntchito ndi wopanda mkazi, amene mlamu wake amuyesa mtolo.

Mlamuyo ndiye Arpel, mkulu wa fakitale ya pulasitiki, amene nyumba yake ndi yatsopano, yoyera mbee, yodzaza ndi makina olira. Pabwalo pali kasupe wopangidwa ngati nsomba. Belu la pachipata likalira, mkazi wa Arpel athamanga kukatsegula madzi a nsombayo. Akaona kuti wabwerayo ndi wogulitsa malonda kapena ndi Hulot chabe, atsekanso. Mlembi wina akadadzaza masamba atatu kutiuza kuti banjali likhalira maso a anthu. Tati atipatsa nsomba yachitsulo yolavula madzi ndi kuleka. Mwana wawo Gérard alibe poseweretsa phazi m'nyumba imeneyi, ndipo akondwa pokhapokha atsibweni ake akamtenga panjinga kupita kudera lakale la Saint-Maur, kumene wosesa mumsewu acheza tsiku lonse mulu wa zinyalala uli pomwepo.

Umisiri wa mlembi uoneka m'mene adamangira mapeto. Pakati pa nkhani tiona Gérard ndi anzake atabisala, ali kuimba likhweru kuti wodutsa acheuke nagunde mtengo wa nyali ya mumsewu. Tiseka, ndi kuyesa kuti zathera pomwepo. Koma kumapeto, Arpel atapezera mlamu wake ntchito kutali kuti amchotse pafupi ndi mwana, amperekeza, ndipo pofuna kumuitana aimba likhweru. Munthu wina acheuka nagunda mtengo wa nyali. Bambo ndi mwana abisala pamodzi, mwana nagwira dzanja la atate ake monga ankagwirira la atsibweni. Palibe wopepesa, palibe wolongosola, koma tidziwa kuti Hulot wasiya kanthu m'banjamo. Mbewu idabzalidwa kale, ndipo yamera pa nthawi yake.

Kanemayu adalandira mphotho yapadera ku Cannes mu 1958 ndi Oscar ya kanema wa chinenero chachilendo mu 1959. Komabe tiyenera kunena kuti ndi m'menemu m'mene Tati alalikira koposa. Aika zakale kudzanja lamanja ndi zatsopano kudzanja lamanzere, ndipo dera lakale alikometsera mopitirira. Anthu ambiri a ku Paris a masiku amenewo adali kukhala mothinana m'nyumba zopanda bafa, ndipo kwa iwo nyumba yatsopano idali chipulumutso. Za zimenezo kanemayo ali chete.

Mzinda wa magalasi

Atatchuka chotero, Tati adaika chuma chake chonse pa kanema mmodzi. Kunja kwa Paris adamanga mzinda wongoyerekezera, wa misewu ndi nyumba zazitali za magalasi ndi zitsulo, umene anthu adautcha Tativille, ndipo adajambula kuyambira 1964 kufikira 1966 pa filimu yaikulu ya mamilimita 70. Playtime adaonetsedwa mu Disembala 1967. M'menemu alendo ochokera ku America ayendera Paris amene afanana ndi mzinda wina uliwonse, ndipo nsanja ya Eiffel aiona chithunzithunzi chake chokha pagalasi la chitseko. Hulot asowa kwa nthawi yaitali, ndipo amuna ena ovala ngati iye atisokoneza. Pa chithunzi chimodzi pachitika zinthu zinayi kapena zisanu nthawi imodzi, mlembi osatiuza poyang'ana.

Gawo lalikulu lichitikira m'nyumba yodyera yatsopano imene yatsegulidwa amisiri asanamalize ntchito. Zinthu ziyamba kugwa chimodzichimodzi, ndipo m'mene nyumbayo iphwasuka, anthu amene adalowa ali owuma ngati mitengo ayamba kucheza ndi kuvina. Chitseko chagalasi chisweka, koma mlonda wa pakhomo atola chogwirira chake napitiriza kutsegulira alendo chitseko chimene kulibe, iwonso nadikira kuti awatsegulire. Sitidziwa chithunzi china chimene chinena bwino chotere za mphamvu ya chizolowezi.

Anthu sadabwere ochuluka monga adayembekezera. Ngongole zidamkwirira, kampani yake ya Specta Films idagwa, nataya nyumba yake ndi umwini wa makanema ake. Adapanganso Trafic mu 1971 ndi Parade mu 1974, wotsirizayu ndi thandizo la wailesi yakanema ya ku Sweden. Mu 1977 adampatsa mphotho yaulemu ya César, ndipo adamwalira mu Novembala 1982, atapanga makanema aatali 6 okha. Patapita zaka 40, mu 2022, akatswiri ofunsidwa ndi magazini ya Sight and Sound adaika Playtime pa nambala 23 mwa makanema opambana onse.

Kodi tsono anthu a mu 1967 adalakwa? Osati kwenikweni. Adadza kudzaona Hulot amene adamkonda, ndipo adampeza atabisika m'khamu. Wosimba nthano amene ayembekezera kuti omvera atsate nkhani zisanu nthawi imodzi wawasenzetsa katundu wolemera. Koma cholinga cha Tati chidali cha ulemu: adafuna kuti woonerera asankhe yekha choona, ndi kuti potuluka apitirize kuona zoseketsa mumsewu wa kwawo popanda Hulot womuonetsa. Ife tiyesa kuti Les Vacances ndiye kanema wake wokwanira bwino, ndi kuti Playtime ndiye wolimba mtima koposa.

Malire ake, ndi phunziro lathu

Tisamkweze kopitirira muyeso. Anthu a Tati tiwadziwa kunja kokha. Za mumtima mwawo tingoganizira. Hulot wa 1971 ndi yemwe uja wa 1953, sadakule ndipo sadaphunzire kanthu. Akazi a m'nkhani zake ambiri ndi zithunzi chabe, wina wokongola wongomwetulira, wina wotanganidwa ndi kupukuta fumbi. Nkhondo ya ku Algeria, imene idasautsa dziko lake kuyambira 1954 kufikira 1962, simudzaimva m'makanema ake. Zilipo zinthu zimene maso okha sangazinyamule: mlandu, lonjezo, chisoni cha wamasiye, kulapa. Zimenezo zifuna mawu, ndipo ife aphunzitsi a chinenero sitingavomere kuti mawu ndi phokoso chabe.

Koma funso lathu lija layankhidwa. Tati adali mlembi chifukwa adaona chinthu bwinobwino, nasankha chofunika, nachiika pamalo pake, nasiya chotsalacho kwa woonerera. Zinayi zimenezi ndizo msana wa kulemba kulikonse, ndipo mawu adza pambuyo pake kudzazitumikira. Mudzaona m'makalasi mwanu kuti ana ambiri ayambira kumapeto. Mukawauza kuti alembe za tsiku la msika, adzakulemberani kuti kunali anthu ambiri ndipo kunali kosangalatsa kwambiri, nawonjezera mwambi umene adauloweza, chifukwa ayesa kuti mphunzitsi afuna mawu okoma. Mwana wotero kumsika adapita, koma palibe adamuuza kuti zimene adaona kumeneko ndizo zoyenera kulowa m'kope.

Tsono yesani ichi mukapita kukaphunzitsa. Itanani mwana mmodzi atsanzire, osalankhula, munthu womata chubu cha njinga, kapena mayi wotula mtsuko wodzaza, kapena wogula amene ali kunenerera mtengo wa nsomba ndalama zili zoperewera. Enawo apenye, kenaka alembe zimene aona mwa ndondomeko yake, ndi mvekero pamene pafunika mvekero. Pochonga musafulumire kuyamikira wa mawu ataliatali. Funani uja amene waona kuti womata chubu adayamba wachimiza m'madzi kuti apeze pobooka, ndipo muwerengere anzake chiganizo chimenecho mokweza.